Ukafuna kukhala dayilekita, kamera upatse mnzako

Ambiri mwa achinyamata amene akulankhula zopanga mafilimu muno mu Mzuzu analowera khomo limodzi, khomo la kamera. Anayamba ndi maukwati a Loweruka ndi zinkhoswe, kenako tsiku la omaliza maphunziro ku Mzuni, mavidiyo a oimba ndi makwaya, mwinanso ganyu ya mabungwe yokajambula mijigo ndi minda ku Mzimba ndi ku Rumphi. Pakapita zaka zingapo dzanja limakhazikika, diso limazolowera kuwala, ndipo munthu amayamba kumva kuti nthawi yakwana yoti dzina lake lilembedwe ngati dayilekita. Maganizo amenewa ndi abwino ndipo ndikuwalimbikitsa. Njira yochoka pa kamera kupita pa utsogoleri wa filimu ndi yakale, inadutsamo anthu odziwika padziko lonse, ndipo kwa ife kuno kumpoto ndi imene ili yotseguka kwambiri. Koma pali chinthu chimodzi chimene ambiri akuchikana, ndipo ndi chimene chikupha mafilimu awo oyamba: tsiku limene wayamba kutsogolera, kamera iyenera kukhala m'manja mwa munthu wina.

Taganizirani zimene zimachitika m'mutu mwa wojambula pamene kamera ikuyenda. Wagwira Sony A7 III kapena Blackmagic, waika lenzi ya 50mm, waitsegula mpaka f/1.8 kuti kumbuyo kuoneke mbuu monga aliyense akukondera masiku ano. Pa kamera ngati A7 III, wosewera akaima mamita awiri kuchokera pa lenzi, dera looneka bwino ndi la masentimita pafupifupi 17 basi. Munthuyo akangoweramira kutsogolo pang'ono, maso atuluka mu focus, kapena kuti m'dera looneka bwino lija, chatsala chooneka bwino ndi khutu. Ndiye chala cha wojambula sichichoka pa lenzi. Diso lake lili m'mphepete mwa chithunzi kuopa kuti boom, maikolofoni ya pa ndodo, ilowa, likuyang'ananso zenera ngati silikupserera, likuona mtambo umene wabisa dzuwa, likuwerenga batire. Iyi ndi ntchito yeniyeni ndipo imadya munthu yense. Take, kapena kuti ulendo umodzi wojambula, ikatha, mukamufunsa ngati yakhala bwino, ayankha moona mtima kuti inde, chifukwa focus inagwira ndipo kuwala sikunasinthe. Koma funso la dayilekita silinafunsidwe n'komwe. Kodi wosewera ngati mayi anamvadi zimene mwana wake wanena, kapena amangodikira kuti mnzakeyo amalize iye alowe ndi mawu ake oloweza? Munthu mmodzi sangayankhe mafunso awiriwa pa nthawi imodzi, ndipo amene anakulira pa kamera amayankha loyambalo mosadziwa, chifukwa ndi limene thupi lake linazolowera.

Mbiri ya ntchitoyi ikuvomereza zimenezi kuposa mmene anthu amaganizira. Jack Cardiff wa ku Britain anali atalandira kale Oscar ya kujambula pa Black Narcissus ya 1947. Atatsogolera Sons and Lovers mu 1960, sanajambule yekha. Kamera anaipereka kwa Freddie Francis, ndipo mapeto ake Francis analandira Oscar ya kujambula, Cardiff n'kulowa m'gulu la opikisana pa Oscar ya dayilekita. Zhang Yimou wa ku China anaphunzira kujambula ku Beijing Film Academy ndipo ndiye anajambula Yellow Earth ya 1984, koma pa Red Sorghum, filimu yake yoyamba imene inapambana mphoto ya Golden Bear ku Berlin mu 1988, wojambula anali Gu Changwei. Ernest Dickerson, amene anajambulira Spike Lee kuyambira She's Gotta Have It mpaka Malcolm X, anasiya kamera kwa Larry Banks pa Juice mu 1992. Jan de Bont, wojambula wa Die Hard, pa Speed mu 1994 anaitana Andrzej Bartkowiak. Ngakhale posachedwapa, Rachel Morrison, mayi woyamba kupikisana nawo pa Oscar ya kujambula komanso amene anajambula Black Panther, pa The Fire Inside ya 2024 anagwira ntchito ndi Rina Yang. Anthu onsewa akanatha kujambula okha, ena a iwo mwina kuposa amene anawalembawo. Anasiya dala.

Wina anena kuti nanga Nicolas Roeg, amene anajambula yekha Walkabout mu 1971, nanga Reed Morano pa Meadowland ya 2015, nanga Steven Soderbergh amene amajambula mafilimu ake m'dzina la Peter Andrews? Zoona, alipo. Koma anthuwa amagwira ntchito ndi gulu lathunthu: wokoka focus, wamkulu wa magetsi ndi anyamata ake, wosunga ndandanda ya nthawi, woyang'anira kuti kapu imene inali kudzanja lamanja isapezeke kumanzere mu shot, kapena kuti chidutswa chojambulidwa, yotsatira. Kugwira kamera kwa iwo ndi kusankha chithunzi chabe, zina zonse zili ndi eni ake. Kwathu kuno wogwira kamera ndi yemweyo wokoka focus, woimika nyali, wosintha memory card, nthawi zina ndi woimbira foni wa kabaza kuti abweretse chakudya. Komanso Roeg yemweyo pofika pa Don't Look Now mu 1973, filimu yodalira chisoni cha mwamuna ndi mkazi amene mwana wawo wamwalira, anapereka kamera kwa Anthony Richmond. Morano naye pa magawo oyamba a The Handmaid's Tale amene anamupatsa mphoto ya Emmy mu 2017 anali ndi wojambula wake, Colin Watkinson.

Sindikunena kuti zaka za pa kamera n'zotayika. Wochokera pa kamera amafika pa utsogoleri ali ndi zinthu zimene wochokera ku zisudzo kapena ku zolemba amazivutikira. Amadziwa kuti kusuntha kamera ndi nyali kumadya nthawi yochuluka bwanji, choncho sapempha zosatheka. Amadziwa kuti lenzi ya 24mm pafupi ndi nkhope imatupitsa mphuno, pamene ya 85mm imamupatula munthu pakati pa anzake. Amadziwa kuti magetsi athu ndi a 50Hz, ndipo kamera yogula kunja imene inatcheredwa pa mafulemu 30 kapena 60 imachititsa mababu kuphethiraphethira, choncho amaika 25 ndi shutter ya 1/50 asanayambe. Wojambula maukwati ali ndi luso lina lapadera: anaphunzira kuoneratu chimene chichitike, chifukwa ankhoswe akapereka mkwatibwi sabwerezanso. Zonsezi ndi chuma. Chovuta n'chakuti chuma chimenechi chimanyenga mwini wake kuti ali pafupi ndi udayilekita, pamene mbali zitatu zazikulu za ntchitoyo sanazikhudzepo: nkhani, osewera, ndi kudula, kumene ndi kusankha ndi kulumikiza zojambulidwa pa kompyuta.

Za nkhani, chitsanzo chowawa ndi Wally Pfister. Anajambulira Christopher Nolan mafilimu angapo, analandira Oscar pa Inception, ndipo mu 2014 anatsogolera Transcendence ali ndi Johnny Depp komanso ndalama zankhaninkhani. Kamera anaiperekadi kwa Jess Hall. Zithunzi zinali zokongola, koma filimuyo sinayende bwino, ndipo dandaulo la ambiri linali pa nkhani yake. Janusz Kamiński, wojambula wa Steven Spielberg amene ali ndi ma Oscar awiri, anakumana ndi zofanana pa Lost Souls mu 2000. Apa tikuona kuti kusiya kamera ndi chiyambi chabe. Manja akamasuka ayenera kugwira script, zolemba za nkhani ya filimuyo.

Pa mfundo iyi munthu woti timuyang'ane kwambiri ndi Tunde Kelani wa ku Nigeria, chifukwa njira yake ikufanana ndi yathu. Anayamba ngati wojambula zithunzi, anagwira kamera pa wailesi yakanema, anakaphunzira ku London Film School m'zaka za m'ma 1970, n'kujambulira anthu ena mafilimu a Chiyoruba kwa zaka zambiri. Atatsegula kampani yake ya Mainframe n'kuyamba kutsogolera, sanadzinamize kuti popeza amadziwa kuwala ndiye kuti amadziwanso kulemba. Anapita kwa alembi a chilankhulo chake. Mafilimu ake odziwika monga Koseegbe, O Le Ku ndi Saworoide ya 1999 anachokera m'manja mwa Akinwunmi Isola, mphunzitsi komanso mlembi wa Chiyoruba. Kuno kwathu, opanga mafilimu amene anatengera Malawi mphoto za mafilimu a mu Africa za AMVCA, Joyce Mhango Chavula ndi filimu ya Lilongwe mu 2016 ndi Shemu Joyah ndi The Road to Sunrise mu 2018, mphamvu yawo inachokera ku zisudzo ndi ku zolemba. Mu Mzuzu muli aphunzitsi amene akhala akulemba masewero a mpikisano wa zisudzo za m'sukulu wa ATEM, muli olemba masewero a pa wailesi ndi a kutchalitchi, muli ophunzira zolembalemba ku Mzuni. Wojambula amene akufuna kutsogolera apite kwa anthu amenewa, awalipire, ndipo akhale nawo pansi mpaka scene iliyonse, kapena kuti gawo lililonse la nkhani, itayankha mafunso atatu: ndani akufuna chiyani, chikumuletsa n'chiyani, ndipo chasintha n'chiyani pofika kumapeto kwa tsamba. Scene imene singayankhe zimenezi ichotsedwe papepala pomwepo, isanadye mafuta ndi chakudya cha anthu khumi ndi awiri.

Nkhani ya osewera ndi imene ndikufuna kukhalapo pang'ono, chifukwa ndi pamene wochokera pa kamera amaonekera poyera kuti ndi wachilendo. Tiyerekeze scene ya m'nyumba ya lendi ku Chibavi. Mnyamata anapatsidwa ndalama ya fizi, waithera pa kubetcha mpira, ndipo madzulo ano akuulula kwa mayi ake amene amagulitsa usipa mumsika. Wojambula akalowa m'chipinda chimenechi, choyamba kuona ndi zenera. Amawakhazika mayiwo pamene kuwala kukugwera bwino pa tsaya, amamuimika mnyamatayo pakhomo kuti aoneke ngati chithunzithunzi chakuda, amaika tepi pansi, n'kunena kuti, "Musasunthe, apo pali bwino." Zatha pamenepo. Osewera asanduka zoikapo kuwala, ndipo chilichonse chimene achite chikhala chouma, poti thupi lomangidwa silingaonetse mtima womasuka.

Dongosolo loyenera limayamba ndi anthu. Nyali zonse zikhale zozima, kamera ikhale m'chikwama. M'chipindamo mutsale dayilekita, osewera awiriwo ndi wojambula ataima pakona osalankhula. Asewere scene yonse kawiri kapena katatu, akuyenda mmene akufunira, ali ndi ntchito m'manja: mayiwo akusankha nyemba m'lichero, mnyamatayo akuvula nsapato. Dayilekita aone pamene mayiwo aimitsira dzanja, aone ngati mnyamatayo wakhala pansi kapena wakana kukhala. Mayendedwe akamveka, ndi pamene wojambula amaika zizindikiro pansi n'kuyamba kuunika, osewera akupuma panja. Akabwerera, kuyeserera kumodzi ndi kamera, kukonza pang'ono, kenako kujambula. Kuwala kumatsata munthu.

Ndiye pali mawu amene dayilekita amalankhula pakati pa ma take. Wongoyamba kumene amatchula zotsatira: "Mukwiye kwambiri," "Mulire apa," "Muoneke odabwa." Wosewera akauzidwa kuti akwiye amakweza mawu n'kutuzula maso, makamaka wochokera pa nsanja ya zisudzo amene anazolowera kufikitsa mawu kwa munthu wa pabenchi yomaliza m'holo. Kamera imene ili mita imodzi ndi theka kuchokera pankhope imakulitsa zonsezo mpaka kuoneka zabodza. Chimene wosewera angachigwire ndi chochita. Mwachitsanzo: "Amama, apa musamulole aone kuti zakupwetekani. Pitirizani kusankha nyembazo mpaka amalize kulankhula, kenako mumufunse ngati wadya." Kwa mnyamatayo: "Iwe cholinga chako n'choti akukalipire, chifukwa akakukalipira nkhani yatha. Akapanda kukalipa, yesa njira ina." Mukatero, awiriwa ayamba kumvetserana, chifukwa aliyense akufuna kanthu kwa mnzake. Ndipo funso la kamera layankhidwa lokha: pamene mnyamata akuulula, chithunzi chikhale pa mayiwo ndi lichero lawo, chifukwa nkhani ili mwa womva.

Palinso ulemu, umene mabuku a kunja sanena. Dayilekita wa zaka 27 sangakuwire mayi wa zaka 55 ali kuseri kwa monita, anthu khumi akumva, kuti take yawo sinali bwino. Mayiyo atseka mtima ndipo tsiku lonse mupeza zouma zokhazokha. Umanyamuka, kupita pamene akhala, kugwada pambali pawo n'kulankhula motsitsa mawu. Wogwira kamera sangachite zimenezi, chifukwa akangoisiya pa tripod, miyendo yoimikira kamera, maganizo ake ali kale pa shot yotsatira. Ngakhale monita imene, yabwino ndi yaing'ono ya mainchesi asanu kapena asanu ndi awiri yogwira m'manja, kuti dayilekita aime pafupi ndi lenzi osewera azimumva kuti alipo.

Mu mzinda uno palinso chisankho cha chilankhulo, chimene ndi cha dayilekita yekha. M'nyumba zambiri za ku Chibavi, Zolozolo kapena Mchengautuwa mayi ndi mwana wake amakangana m'Chitumbuka, mumsika n'kusakaniza ndi Chichewa, wina wochokera ku Nkhata Bay n'kuponyamo Chitonga. Script ikalembedwa m'Chingerezi n'kuuza osewera kuti azimasulira pamalo pomwepo, take iliyonse imatuluka ndi mawu osiyana, ndipo pofika pa kompyuta shot ya mayi sigwirizana ndi shot ya mwana. Mankhwala ake ndi kuwerengera pamodzi masiku angapo kujambula kusanayambe. Osewera akonze mawu kuti akhale a pakamwa pawo, wina alembe zimene zagwirizanidwa, ndipo kuyambira pamenepo mawuwo asasinthenso.

Tsopano masamu, chifukwa ndi amene amaonetsa kumene nthawi ya osewera imathera. Tsamba limodzi la script yolembedwa mwa dongosolo limapereka pafupifupi mphindi imodzi ya filimu. Filimu ya mphindi 90 ndi masamba 90. Mukamajambula masamba anayi patsiku, mufunika masiku 23. Scene ya masamba awiri ya anthu awiri imafuna malo a kamera osachepera asanu ndi limodzi: shot yotenga chipinda chonse, ziwiri zodutsa paphewa, ziwiri za nkhope, ndi imodzi ya manja kapena lichero. Malo aliwonse akadya theka la ola, scene imeneyi yatenga maola atatu, ndipo pa tsiku la maola khumi mupeza malo 20. Dayilekita amene akujambulanso yekha amathera mphindi 45 kapena 50 pa malo aliwonse akusunthasuntha nyali, chifukwa ndi ntchito imene amaidziwa ndipo imamupatsa mtendere. Nthawi ikathina, chimene chimadulidwa ndi kuyeserera. Kumapeto kwa tsiku scene yofunika kwambiri imajambulidwa mothamanga m'ma take awiri, dzuwa likulowa.

Ndipo dzuwa la Mzuzu silidikira. M'miyezi ya Juni ndi Julayi limalowa cha m'ma 5:30, ndipo kuwala kofiirira kuja kumene ojambula amakukonda sikukhalitsa, mwina theka la ola. M'mawa mumatha kudzuka chifunga chitaphimba Katoto yense, pofika 10 koloko kwayera, masana kwayamba kuwaza. Shot ya mayi yojambulidwa kuli mitambo ndi shot ya mwana yojambulidwa dzuwa likuswa mtengo sizingalumikizane, ngakhale mutakhala usiku wonse pa pulogalamu yokonzera mafilimu ya DaVinci Resolve. N'chifukwa chake tsiku lililonse lojambula panja liyenera kukhala ndi scene ya m'nyumba yosungira, osewera ake ndi zovala zawo zili pafupi. Wosankha kuti tsopano tisiye panja tilowe m'nyumba ndi dayilekita, ndipo chisankho chimenechi chimafuna munthu amene mutu wake uli pa tsiku lonse. Wogwira kamera amangoti tidikire mtambo udutse.

Za mawu ndinena mosabisa: wojambula amasankha malo ndi maso, ndipo mafilimu athu ambiri amafera pamenepa. Nyumba yokongola ya malata opanda siling'i imasanduka ng'oma mvula ikangoyamba kuwaza. Kuseri kuli chigayo chimene chimalira kuyambira 2 koloko. Njinga zamoto za kabaza zimadutsa mphindi iliyonse, tchalitchi cha pafupi chayatsa zokuzira mawu. Dayilekita apite pamalopo pa ola lomwelo limene adzajambulire, aime mphindi zisanu atatsinzina, amvetsere. Pojambula, boom ikhale masentimita 30 mpaka 60 kuchokera pakamwa, yolunjika kuchokera pamwamba. Chojambulira mawu chikhale pa 48kHz, mawu okwera kwambiri azifika cha m'ma -12dB kuti asaphulike. Jenereta ikhale mamita 30 kapena kuposerapo, kuseri kwa khoma. Scene ikatha, aliyense akhale chete mphindi imodzi kuti mujambule phokoso la chipindacho, loti mudzatsekere mipata podula. Ndipo dayilekita avale mahedifoni. Owonera amapirira chithunzi cha mdima pang'ono, koma akalephera kumva mawu kawiri katatu amatseka foni.

Mbali yachitatu ndi kudula, ndipo apa ndi pamene chikondi cha wojambula pa zithunzi zake chimasanduka mdani. Anadzuka 4 koloko m'mawa kukaulutsa drone pamwamba pa nkhalango ya Kaning'ina. Anatsetsereka ndi gimbal, chogwirira kamera kuti isagwedezeke, pamsewu wokhotakhota wopita ku Nkhata Bay. Akudziwa thukuta limene linapita pa shot iliyonse, choncho iliyonse akuisiya masekondi 20 pamene nkhani imafuna atatu, kapena sikuifuna n'komwe. Akulu anati ichi chakoma ichi chakoma pusi anagwa chagada. Filimu ya mphindi 80 imatupa mpaka maola awiri, ndipo owonera amatopa asanafike pa scene ya lichero ija. Choipa kwambiri n'chakuti posankha pakati pa ma take awiri, amatenga imene focus inagwira bwino n'kusiya imene mayi uja mawu anawatsamwa pakhosi moona. Dayilekita amasankha yachiwiriyo, ngakhale itafewa pang'ono. Choncho wodula akhalenso munthu wina, amene sanapite nawo kojambula ndipo sakudziwa kuti shot iti inavuta. Adule yekha koyamba motsata script. Kenako muonetse anthu asanu kapena khumi amene si abale anu kapena anzanu, inu mukhale kumbuyo ndi pepala, muzilemba mphindi imene wina watulutsa foni m'thumba. Pamenepo ndi podula.

Chotsutsa chachikulu ndikuchidziwa, ndipo n'chomveka: ndalama. Wojambula wina afuna malipiro a masiku 23, pamene ndalama ya chakudya ndi mayendedwe ikuperewera kale. Koma mu Mzuzu ojambula si osowa. Ali ambiri moti Loweruka limodzi amapezeka atatu pa ukwati umodzi. Chimene chikusowa ndi kukhulupirirana. Awiri amene akufuna kutsogolera angathe kusinthana: uyu ajambule filimu yaifupi ya mnzake mwezi uno, winayo adzabweze mwezi wamawa, zida n'kuziphatikiza. Wojambula amene wakhalapo pansi pa dayilekita wina amaphunziranso mmene zimamvekera kuuzidwa zinthu zosamveka, ndipo akadzakhala pampando amalankhula bwino.

Chotsutsa china sichinenedwa mokweza, koma chilipo: "Palibe amene angajambule mmene ndikufunira." Mwina n'zoona pa tsiku loyamba. Koma kufotokozera munthu wina chithunzi chimene chili m'mutu mwako ndi mbali ya ntchito ya udayilekita, ndipo amene sangathe kufotokozera wojambula sangathenso kufotokozera wosewera, wosoka zovala kapena woimba nyimbo za mufilimu. Njira zake zilipo. Lembani ndandanda ya ma shot pamodzi, scene ndi scene. Sonkhanitsani zithunzi khumi kapena makumi awiri zosonyeza kuwala ndi mitundu imene mukufuna. Gwirizanani malamulo ochepa, monga akuti m'nyumba ya mayi kamera sichoka pa tripod, kapena kuti lenzi isatsegulidwe kupyola f/4 pa scene za anthu awiri. Pa f/4 dera looneka bwino lija limakula kuchoka pa masentimita 17 kufika pafupifupi 38, ndipo osewera amapeza mpata wopuma ndi kusuntha. Patulani tsiku limodzi loyesera kamera, zovala ndi nkhope za osewera pamalo enieniwo. Zikatero, pa tsiku lojambula musagwirenso nyali yake kapena kumulanda kamera pamaso pa gulu. Ngati pali chosakusangalatsani, muuzeni chimene scene ikufuna, iye apeze njira.

Ndiyeneranso kunena kuti si wojambula aliyense amene ayenera kukhala dayilekita, ndipo kukhalabe pa kamera si kulephera. Roger Deakins wakhala pa kamera moyo wake wonse wa ntchito ndipo ali ndi ma Oscar awiri. Kamiński anabwerera kukajambulira Spielberg. Freddie Francis uja, atatsogolera mafilimu oopsa kwa zaka zambiri, anabwerera pa kamera ndi The Elephant Man mu 1980 n'kudzalandira Oscar yachiwiri pa Glory ya 1989. Pamene Chiwetel Ejiofor anabwera ku Wimbe m'boma la Kasungu kudzapanga The Boy Who Harnessed the Wind ya 2019, filimu yake yaitali yoyamba kutsogolera, anabwera ndi Dick Pope, wojambula wa zaka zambiri wa Mike Leigh, chifukwa dayilekita watsopano amafunika wojambula wokhwima pambali pake. Kwathu chimene chimakankhira aliyense ku udayilekita n'chakuti dzina ndi ndalama zimapita kwa munthu mmodzi. Pa posita pamalembedwa dayilekita yekha, pa wailesi amafunsidwa yekha, ndipo wojambula amapatsidwa ya mayendedwe. Izi tingazikonze tokha popanda kudikira boma kapena Film Association of Malawi: dzina la wojambula, wa mawu ndi wodula lilembedwe pa posita, malipiro awo agwirizanidwe papepala ntchito isanayambe, ndipo ngati ndalama palibe, alembedwe gawo lawo pa zimene filimuyo idzapeze.

Kwa amene watsimikiza kuti akufunadi kutsogolera, asayambe ndi filimu ya mphindi 90. Ayambe ndi masamba asanu ndi atatu, osewera atatu, malo awiri oyandikana, masiku awiri ojambula, ndi madzulo anayi oyeserera popanda kamera m'kalasi kapena m'holo ya tchalitchi. Musakhale drone, musakhale nyimbo yophimba zolankhula. Gulu likhale la anthu asanu ndi mmodzi: wojambula, womuthandiza pa focus ndi nyali, wa mawu, wosunga nthawi ndi ndandanda, woyang'anira zovala ndi katundu kuti zisasinthe pakati pa ma shot, ndi dayilekita. Filimuyo ikadulidwa, aionere kawiri. Koyamba azimitse mawu, aone ngati munthu angadziwe amene akufuna chiyani kwa ndani. Kachiwiri atembenuze sikirini n'kungomvetsera, aone ngati anthuwo akulankhulana kapena akungolakatula zoloweza. Ikalephera mayeso achiwiriwa, filimu yotsatira ikhalenso yaifupi, ndipo madzulo oyeserera akhale asanu ndi atatu.